Chiphaso cha khola sichitseka mphuno za anansi

Ndimaweta nkhumba, ndipo ndi nkhumba zomwezi zimene zaphunzitsa ana anga sukulu. Ndayamba ndi kunena izi kuti alimi anzanga amene awerenge nkhaniyi asandiyese mdani wa ulimi wathu. Koma pali mawu ena amene ife oweta nkhumba timawakonda kwambiri, ndipo ine ndafika potopa nawo: "Ine ndili ndi chiphaso." Munthu akabwera kudzadandaula za fungo, za ntchentche, kapena za madzi akuda amene akuyenderera kulowa m'munda mwake, timathamangira m'nyumba kukatenga pepala lodindidwa, n'kumuonetsa, n'kuyesa kuti nkhani yathera pomwepo. Chiphaso ndi pangano la iwe ndi boma. Mnansi wako sanasainepo, ndipo mpweya umene amapuma pakhomo pake suli m'manja mwa ofesi imene inakupatsa pepalalo.

Zimenezi ndinazionera pafupi chifukwa cha achemwali anga. Kumtunda kwa nyumba yawo kunabwera bambo wina n'kumanga khola. Poyamba zinali nkhumba zochepa ndipo palibe amene anadandaula, ena mpaka ankapita kukapempha manyowa. Kenako khola linabala linzake, linzakelo n'kubalanso lina, ndipo kuseri kunakumbidwa dziwe lalikulu lotayiramo ndowe ndi madzi otsukira. Apa m'pamene moyo unasintha. Zovala zoyanika panja zinkalowa m'nyumba zikununkha. Zidzukulu zinaleka kusewera pabwalo madzulo. Nyengo yotentha achemwali ankagona mazenera ali chitsekere, thukuta lili kamukamu, poti kutsegula kunali kuitana fungo kuti ligone nawo. Anthu analemba kalata ku ofesi yoona za zilolezo, ofesiyo inatumiza woyendera, woyenderayo anafika dzuwa lili paliwombo, nazungulira mpanda, nalemba kuti kunja kwa mpanda sikukumveka fungo lodetsa nkhawa.

Pa msonkhano umene unaitanidwa pambuyo pake achemwali anandipempha kuti ndikakhalepo. Anati, "Achimwene, inu mumazidziwa nkhumba, mukamve nokha ngati ife tikunama." Mwini khola anabwera ndi mapepala ake onse m'chikwama, ndipo analankhula mwaulemu ndithu. Anati, "Mayi, inetu malamulo ndatsatira, lipoti la boma ndi ili." Achemwali anayankha kuti, "Bambo, lipotilo sindikulitsutsa. Ndikungopempha kuti mubwere mudzakhale pakhonde panga dzuwa likangolowa." Sanabwere, ndipo ndikukhulupirira kuti mumtima mwake ankaona kuti akunamiziridwa chifukwa cha kaduka.

Chimene chinandivutitsa maganizo n'chakuti pa anthu atatuwa panalibe wonama. Masana dzuwa limatenthetsa nthaka, mpweya wotentha umakwera m'mwamba n'kunyamula fungo, mphepo n'kulimwaza. Dzuwa likalowa nthaka imazizira msanga, mpweya wozizira umalemera n'kukhala pansi, ndipo ngati kulibe mphepo umatsetsereka pang'onopang'ono kutsata chigwa ngati madzi, fungo lonse la dziwe lili momwemo. Amene ali kumunsi ndiye amalandira. Woyendera amagwira ntchito masana, choncho amafika nthawi imene fungo kulibe. Mwini khola nayenso mphuno yake inazolowera. Aliyense amene amagwira ntchito m'khola akudziwa kuti ukangokhalamo kanthawi sumvanso kanthu, mpaka utalowa m'basi n'kuona anthu akukusuntha. Ndiye mlimi akamalumbira kuti khola lake silinunkha, amanena zimene mphuno yake ikumuuza, ndipo mphuno imeneyo singakhale mboni pa mlanduwu.

Nkhumba payokha si nyama yauve monga anthu amaganizira. Ukaipatsa malo okwanira imasankha ngodya imodzi yochitirako chimbudzi, kutali ndi pogona ndi podyera. Chimene chimanunkha mpaka kufika kwa anansi ndi ndowe ndi mkodzo zikasakanizika ndi madzi n'kukhala m'dzenje mopanda mpweya. Mmenemo tizilombo timene timaoletsa zinthu timatulutsa amoniya, amene amalasa m'maso ndi pakhosi, komanso hydrogen sulphide, wa fungo la mazira oola. Uyu wachiwiriyu ndi woopsa: mphuno imamumva ngakhale ali wochepa kwambiri, koma akachuluka amapha mphamvu yonunkhiza, ndipo wapha anthu ndi nkhumba zomwe pa nthawi yovundula dzenje kuti alipope. Fumbi la m'khola nalonso limanyamula fungo n'kukalimata pa nsalu ndi pa makoma a eni ake. Kuchuluka kwa ndowe ndiko kumene ambiri sakuwerengera pomanga. Nkhumba imodzi yonenepetsa imatulutsa malita 4 kapena 5 a ndowe ndi mkodzo pa tsiku. Nkhumba 1,000 ndiye kuti malita 4,000 mpaka 5,000 tsiku lililonse, osawerengera madzi otsukira. Ntchentche nazo kukatentha zimangofuna masiku 7 mpaka 10 kuchoka pa dzira kufika pouluka, choncho mulu wa ndowe wonyowa ukakhala sabata ziwiri, mudzi wonse umadziwa.

Mkangano umenewu ndi wakale kuposa ziphaso zimene timanyadirazi. Ku England, m'chaka cha 1610, munthu wina dzina lake William Aldred anasumira Thomas Benton chifukwa chomanga khola la nkhumba pafupi ndi nyumba yake. Benton anadziteteza ndi mfundo imene ndaimvanso ndi makutu anga masiku ano: anati nkhumba n'zofunika kuti anthu adye, ndipo munthu asakhale ndi mphuno yosachedwa kunyansidwa. Oweruza anamukanira. Anati munthu sangasumire mnzake chifukwa chomutchingira malo okongola oti aziyang'ana, poti zimenezo n'zongosangalatsa maso, koma mpweya wabwino ndi chinthu chimene nyumba singakhalike popanda icho. Paja amati mlandu suola. Patapita zaka pafupifupi 400, mu 1994, bwalo la apilo la dziko lomwelo linaweruza mlandu wa Wheeler ndi kampani ya JJ Saunders, ndipo uwu ndi umene ndimafuna mlimi aliyense ataudziwa. Kampaniyo inali ndi chilolezo chonse chomangira makola awiri, lililonse la nkhumba 400, ndipo limodzi linali pa mtunda wa mamita 11 okha kuchokera pa kanyumba ka alendo ka a Wheeler. Inauza bwalo kuti popeza khonsolo inavomereza, fungolo ndi lololedwa. Bwalo linati khonsolo ili ndi mphamvu yololeza kumanga, koma ilibe mphamvu yolanda munthu ufulu wokhala mwamtendere pamalo pake. A Wheeler amenewa anali dokotala wa ziweto wodziwa bwino za nkhumba, choncho panalibe wowanena kuti ndi munthu wam'tauni wosazolowera zakumunda.

Kumene nkhaniyi inakula zedi ndi ku North Carolina, ku America, kumene mu 2018 kunali nkhumba pafupifupi 9 miliyoni, zambiri zili m'maboma a kum'mawa monga Duplin ndi Sampson. Kumeneko ndowe amazisunga m'maiwe akuluakulu osavindikira, kenako amazipopera m'minda ndi makina othirira. Mphepo ikatembenuka, nkhungu ya ndoweyo imagwera pa nyumba ndi pa magalimoto a anthu oyandikana nawo, ambiri a iwo anthu akuda ndi osauka amene makolo awo anakhala pamalopo makola asanabwere. Mu 1995 dziwe la famu ina linaphulika n'kuthira magaloni 25 miliyoni mumtsinje wa New River. Mu 1997 boma la chigawocho linaimitsa kumanga mafamu atsopano a mtundu umenewu, koma amene analipo kale anapitiriza ndi ziphaso zawo. Anthu pafupifupi 500 anasumira kampani ya Murphy-Brown, nthambi ya Smithfield Foods, imene inali mwini wa nkhumbazo. Mu April 2018 mlandu woyamba unathera pa chipukuta misozi cha madola opitirira 50 miliyoni kwa anthu 10, ngakhale kuti malamulo a chigawocho anachitsitsa kufika pa madola 3.25 miliyoni. Mu August chaka chomwecho anthu 6 anapatsidwa madola 473.5 miliyoni, amene anatsitsidwa kufika pa 94 miliyoni. Milandu 5 imene inazengedwa, yonse kampani inagonja, ndipo mu November 2020, bwalo la apilo litavomereza kuti kampaniyo inalidi yolakwa, inagwirizana ndi odandaulawo kunja kwa bwalo.

Zimene aphungu a kumeneko anachita zimandipweteka mtima ngakhale ndine mlimi. M'malo mokakamiza kampani kuvindikira maiwe, anasintha malamulo mu 2017 ndi 2018 kuti kusuma kukhale kovuta. Tsopano wodandaula ayenera kukhala mkati mwa theka la mailosi kuchokera pa famu, ndipo ayenera kusuma chaka chisanathe famuyo itayamba kapena itasintha kwambiri ntchito zake. Bwanamkubwa wa nthawiyo, Roy Cooper, anakana kusaina, koma aphungu anamuposa mavoti. Amati akuteteza mlimi. Koma amene anasumiridwa sanali mlimi, inali kampani, ndipo alimi ena amene ankaweta nkhumba za kampaniyo pa kontirakiti ndi amene anatsala ndi makola opanda kanthu nkhumba zitachotsedwa. Chaka chimodzi chomwe anaikacho n'chochepa kwa aliyense wodziwa khola: chaka choyamba dziwe limakhala lisanadzaze, nkhumba zisanachuluke, ndipo anansi amakhala akupirira poyembekeza kuti zinthu zisintha.

Alimi nafenso tili ndi dandaulo lomveka, ndipo sindilibisa. Pali munthu amene anamanga khola lake kutchire, kutali ndi aliyense, n'kuweta zaka zambiri popanda wokangana naye. Kenako malo ozungulira agulitsidwa, nyumba zamera mpaka kumpanda, ndipo obwera dzulowa ndi amene akulemba makalata kuti khola litsekedwe. Munthu wotere ndimamumvera chisoni, poti ngongole ya kubanki siidikira kuti apeze malo ena. Chigamulo chimene ndimachiona chachilungamo pa nkhani yotere chinaperekedwa ku Arizona mu 1972, ngakhale kuti chinali cha ng'ombe. Kampani ya Del Webb inamanga mudzi wa anthu opuma pantchito wa Sun City mpaka kufika pafupi ndi makola a kampani ya Spur Industries, kenako inasuma chifukwa cha fungo ndi ntchentche. Bwalo linati makola achoke, chifukwa anthu okhala m'nyumbazo sanalakwe kanthu ndipo thanzi lawo lili pangozi, koma linalamula Del Webb kuti ilipire ndalama zosamutsira, chifukwa ndi iyo inabweretsa anthu pamalo amene inkadziwa kuti pali ziweto. Amene anapindula pogulitsa malo, ndi ofesi imene inavomereza nyumba pafupi ndi khola, asamasowe pa mlandu n'kusiya mlimi ndi mnansi akulozana zala.

Koma kubwera poyamba sikupatsa munthu ufulu wokula mopanda malire. Amene anapeza nkhumba 20 anavomera fungo la nkhumba 20. Zikafika 500 ndi dziwe kuseri, imeneyo ndi famu ina, ndipo wobwera kumene pamalopo tsopano ndi mlimiyo.

Apa ndi pamene ziphaso zambiri zimalephera. Zimayang'ana nyumba, makoma ndi denga, osafunsa kuti ndowe za tsiku lililonse zizipita kuti, ndi munda waukulu bwanji umene uzizilandira, ndipo mvula ikagwa yambiri dziwe lisefukira kwa yani. Kumene malamulo anaika malire a chiwerengero, anthu amaima pansi pa mzere. Lamulo la European Union la 2010 linati famu yokhala ndi malo a nkhumba zopitirira 2,000 zolemera kuposa makilogalamu 30, kapena zazikazi zoswana zopitirira 750, iyenera kukhala ndi chiphaso chapadera cha zachilengedwe. N'chanzeru, koma mafamu atatu oyandikana a nkhumba 1,900 iliyonse amanunkha kuposa imodzi ya 2,100, ndipo mphuno ya mnansi imalandira zonse pamodzi pamene ofesi ikuwerenga fayilo iliyonse payokha. Ku Netherlands anafika poti boma mu 2019 linayamba kulipira oweta nkhumba kuti atseke makola m'madera amene fungo linanyanya, ndipo mu 2022 bwalo la ku The Hague linagamula kuti boma silinateteze mokwanira anthu ena okhala pafupi ndi makola. Mafamuwo anali ndi ziphaso zawo, vuto linali lakuti lamulo lenilenilo linkaloleza fungo lopitirira muyezo.

Chiphaso chikhoza kukanidwanso, ndipo bwino chikanidwe njerwa isanaikidwe. Ku Foston, m'chigawo cha Derbyshire ku England, kampani ina inafuna kumanga famu ya nkhumba pafupifupi 25,000 pafupi ndi nyumba za anthu ndi ndende ya amayi. Mu 2015 bungwe la boma loona za chilengedwe la Environment Agency linakana kupereka chiphaso, ndipo fungo linali chimodzi mwa zifukwa zake. Ku Homún, m'chigawo cha Yucatán ku Mexico, famu ya nkhumba 49,000 inali itamangidwa kale pamwamba pa miyala yoboka imene madzi akumwa amayenda pansi pake, pamene ana a mtundu wa Maya anasuma mu 2018 n'kuimitsa ntchito, ndipo bwalo lalikulu la dzikolo linavomereza kuimitsako mu 2021. Ndikaganiza za ndalama zimene zinakwiriridwa mu simenti imeneyo, ndimaona kuti ofesi imene imakana msanga imachitira chifundo mlimi kuposa imene imadinda chilichonse.

Ena amati fungo silingayezedwe, aliyense amangonena zake. Limayezedwa. Ku Ulaya kuli njira yovomerezeka, EN 13725, imene amatapa mpweya m'thumba, n'kuusakaniza ndi mpweya woyera pang'onopang'ono, anthu osankhidwa akununkhiza, mpaka apeze pamene theka la iwo layamba kumva. Njira imeneyi ndi yodula, koma pali ina imene mudzi uliwonse ungathe: kope. Nyumba zingapo zizilemba tsiku, ola, kumene mphepo ikuchokera, mphamvu ya fungo ndi nthawi imene lakhala. Mlimi nayenso azilemba tsiku limene watsuka, wavundula kapena wathira ndowe m'munda. Makope awiriwa ukawaika pamodzi, kawirikawiri umapeza kuti madandaulo ambiri akuchokera pa ntchito imodzi kapena ziwiri zimene zingasunthidwe ola kapena kusinthidwa kachitidwe. Kope limatetezanso mlimi, chifukwa dandaulo la tsiku limene mphepo inkapita kwina limaonekera poyera.

Kwanga ndimachita zimene thumba langa lingathe. Ndowe ndimachotsa zouma ndi fosholo m'mawa uliwonse ndisanathire madzi, chifukwa madzi ndiwo amasandutsa mulu waung'ono kukhala dziwe. Pansi pa khola la zonenepetsa ndimathira utuchi wokhuthala umene umamwa mkodzo, ndipo mulu wa manyowa uli pansi pa denga, wokwiriridwa ndi udzu wouma, kuti mvula isaukhudze ndi ntchentche zisaikire mazira. Zomwera zodontha ndimakonza tsiku lomwelo. Chakudya sindichulukitsa zomanga thupi kuposa zimene msinkhu wa nkhumba ukufuna, popeza zotsalazo zimatuluka mu mkodzo n'kusanduka amoniya, ndiye umakhala walipira ndalama kugula fungo. Nkhumba ikafa imakwiriridwa mozama tsiku lomwelo, kutali ndi chitsime, makamaka poopa chigodola. Manyowa ndimathira m'munda m'mawa kukakhala kamphepo, n'kuwakwirira nthawi yomweyo, ndipo anansi ndimawauza dzulo lake kuti asachape zoyanika panja. Amene ali ndi nkhumba zambiri angathe kuvindikira dziwe n'kupanga bayogasi, fungo n'kusanduka moto wophikira. Khola langa silinasiye kununkha nkhumba, ndipo palibe khola limene lidzasiye. Koma anansi anga ali ndi nambala yanga ya foni, ndipo akaimba ndimapita kukaima pamene iwo aima, chifukwa pakhomo panga sindingamve zimene akumva.

Chiphaso cha bambo wa kumtunda kwa achemwali chikuyembekezeka kuonedwanso, ndipo anthu a kumeneko anandipempha kuti ndiwathandize kulemba kalata. Ena ankafuna tilembe kuti famu itsekedwe. Ndinawapempha kuti tisatero, chifukwa pali anyamata amene amadyera pamenepo, ndiponso ofesi sichedwa kutaya kalata yopempha zimene singachite. Tinapempha kuti chiphaso chatsopano chitchule chiwerengero cha nkhumba zololedwa, ndipo akafuna kuonjezera, anansi ayambe afunsidwa. Tinapempha kuti dziwe livindikiridwe kapena lisamukire kuseri kwa chitunda, ndi ngalande yotchinga madzi a mvula, pa tsiku lodziwika lolembedwa m'chiphasomo. Tinapempha kuti kuvundula ndi kupopa kuzichitika m'mawa, anthu atauzidwa. Ndipo tinapempha kuti woyendera azibwera nthawi zina dzuwa litalowa, osachenjeza, n'kuyambira kumunsi kwa chigwa asanapite ku ofesi ya famu. Makope a nyumba zisanu tinawaphatika kukalatayo, ndipo ina yofanana nayo tinakapereka pamanja kwa mwini khola, kuti asamve za ife kuchokera ku ofesi.